Kompyuta Ikati Fayilo ya DLL Yasowa

Makalata achuluka, koma atatu akudandaula za vuto limodzi, ndiye tiyambe ndi amenewo.

Yoyamba yachokera kwa mayi wina wowerengera ndalama pa ofesi ina ku Zomba. Akuti: "Tili ndi pulogalamu yakale yotulutsira malipoti. Chigulireni kompyuta yatsopano, ndikati nditsegule tebulo la manambala pamabwera uthenga woti owc11.dll palibe. Kodi ndi vairasi?"

Ayi mayi, khazikani mtima pansi. Fayilo yothera ndi zilembo dll ili ngati mtondo wobwerekana pamudzi. Ndi umodzi, koma makomo angapo amasinjiramo. M'malo moti pulogalamu iliyonse isenze zida zakezake, Windows imalola kuti zida zina zikhale pamodzi, wozifuna azingotapa. Mtondowo ukasowa, ndi makomo onse amene amalira.

Imene mwaitchulayo ndi ya m'gulu la Office Web Components. Microsoft inayamba kulitulutsa ndi Office 2000, pamene fayilo yake inali msowc.dll. Mu Office XP munabwera owc10.dll, ndipo mu Office 2003 munabwera owc11.dll yanuyo. Ntchito yake inali kuonetsa tebulo longa la Excel, matchati ndi PivotTable mkati mwa Internet Explorer. Kuyambira Office 2007 gululi sanaliphatikizenso. Ndiye kompyuta yanu yatsopano sinataye kanthu ayi, fayiloyo sinakhalemo n'komwe.

Funsani amene anakupangirani pulogalamuyo akupatseni choikira zida zimenezi chathunthu, osati fayilo imodzi yokha. Ngati mwaika koma uthenga ukubwerabe, ndiye kuti Windows sinaidziwe fayiloyo, ikufunika kulembetsedwa. Tsegulani Command Prompt ngati administrator, mulembe regsvr32 kenako malo amene fayiloyo ili. Apa pali msampha woseketsa: pa Windows ya 64-bit, zida za 32-bit zimakhala mu foda ya SysWOW64, ndipo za 64-bit zimakhala mu System32. Inde, mwamva bwino, mayinawo anatembenuzika, ndipo ngakhale ife a ntchitoyi amatipunthwitsa. Poti owc11.dll ndi ya 32-bit, gwiritsani regsvr32 ya mu SysWOW64.

Koma mayi, ndikuuzeni mosapsatira. Uku n'kusoka chigamba pa nsalu yotha. Zida zimenezi zimayendera ActiveX, imene Chrome ndi Firefox salola. Internet Explorer nayo Microsoft inasiya kuisamalira pa 15 June 2022, ndipo chatsala ndi kakhomo ka IE mode mu Edge. Mu 2009 zida zomwezi zinapezeka ndi mpata umene akuba a pa intaneti ankalowerapo, mpaka Microsoft inachita kutulutsa chotsekera. Kawauzeni abwana kuti malipotiwo asamutsidwe pulogalamuyo isanafe ndi manambala anu m'mimba.

Kalata yachiwiri ndi ya mnyamata amene ali ndi shopu yosindikiza ndi kutaipa ku Chipata. Akuti: "Pulogalamu ina ikukana kutseguka, ikuti vcruntime140.dll ndi msvcp140.dll palibe. Mnzanga wandionetsa webusaiti yodaunilodapo mafayilowa ulere. Nditero?"

Achimwene, musayerekeze. Mawebusaiti ogawa dll imodziimodzi ali ngati munthu wogulitsa mapilitsi opanda pepala lake padepoti. Mwina ndi enieni, mwina ayi, ndipo simudziwa mpaka mutameza. DLL si chithunzi kapena kalata, ndi malamulo amene kompyuta imawatsata ikangoitsegula. Wina akaikamo zoipa, mwamulowetsa nokha m'kompyuta imene muli makalata ndi ziphaso za makasitomala anu. Ngakhale itakhala yabwinobwino, ikhoza kukhala ya mtundu wina, uthenga umodzi n'kusanduka mauthenga atatu.

Mafayilo awiriwo kwawo ndi mu Microsoft Visual C++ Redistributable, ya kuyambira 2015 kupita m'tsogolo. Itengeni pa webusaiti ya Microsoft, ndi yaulere ndipo sidya bandulo yambiri. Ngati Windows yanu ndi ya 64-bit, ikani zonse ziwiri, ya x86 ndi ya x64, kenako muzimitse kompyuta n'kuyatsanso.

Ikakhala Office yeniyeniyo imene ikudandaula, pitani ku Control Panel, Programs and Features, musankhe Office, mudine Change. Yambani ndi Quick Repair, imene sifuna intaneti. Online Repair isiyeni ikhale yomaliza, chifukwa imadauniloda Office yonse mwatsopano, ndipo bandulo ya mlungu ikhoza kuthera pomwepo. Mukakayikira mafayilo a Windows, lembani sfc /scannow mu Command Prompt yomwe ija, idzifufuze yokha. Onaninso mu antivirus yanu, nthawi zina fayilo imakhala yangotsekeredwa kumeneko.

Yachitatu ndi yaifupi. Aphunzitsi ena ku Mzuzu akufunsa ngati Word ya pa intaneti nayonso imafuna mafayilo amenewa.

Ayi aphunzitsi. Imeneyo imayendera mu browser, ndipo ntchito yaikulu imachitikira pa makompyuta a Microsoft. Ikavuta, yesani browser ina kapena muone netiweki. Webusaiti ikakuuzani kuti mwasowa dll ndipo dinani apa kuti mukonze, itsekeni msangamsanga.

Polemba kalata, chonde koperani uthenga wonse monga waonekera, chilembo ndi chilembo, mutchulenso Windows imene muli nayo.