Malangizo: Galimoto Ikagwidwa pa Nkhani ya Miyala

Malangizo awa ndi a inu eni malole ndi madalaivala amene mumanyamula katundu wa ena pa misewu ya Mzimba, Ntcheu ndi Mangochi.

Zikachitika kuti apolisi aimitsa galimoto yanu pa chipata cha Mwanza kapena cha Songwe, namasula matumba amene munauzidwa kuti ndi chimanga, napeza pansi pake miyala ya mtengo wapatali yopanda chilolezo chimene lamulo la migodi la 2023 limafuna, musakweze mawu, ndiponso musatulutse kangachepe, pakuti potero mwadzisenzetsa mlandu wachiwiri. Pemphani mwaulemu chikalata cholembedwa zonse zimene zagwidwa, nambala ya galimoto, tsiku ndi dzina la wogwirayo.

Dziwani kuti kugwidwa kwa galimoto sikutanthauza kuti yapita. Gawo 28 la Malamulo Aakulu a dziko lino limaletsa kulanda chuma cha munthu mwachisawawa, ndipo mwini galimoto amene sanadziwe za miyalayo angathe kupempha khoti kuti limubwezere, ataonetsa bulubuku ndi pangano limene analemberana ndi wobwereka galimotoyo, ngati analemberana n'komwe, poti ambiri a ife timangogwirana chanza.

Akuluakulu anati mlandu suola, koma galimoto yoima pa bwalo la polisi imaola ndithu: matayala aphwa, batire lifa. Ndiponso wofuna kuti Khoti Lalikulu liunikenso chiganizo cha boma chogwira galimotoyo ali ndi miyezi 3 yokha. Choncho fulumirani kwa loya, ndipo ngati thumba laperewera, pitani ku Legal Aid Bureau.