Phunziro: Mmene foni yasinthira ulendo wa nyimbo m'Malawi

Cholinga cha phunziroli ndi kuona njira imene nyimbo imadzera kuchoka kwa woimba kufika kwa womvera, komanso kumene ndalama imachokera masiku ano.

1. Nthawi ya wailesi ndi makaseti

Wailesi ya MBC idayamba mu 1964, ndipo kwa zaka zambiri inalipo yokha. Woimba amene nyimbo yake sinamveke pa MBC ankangodziwika kwawo konko. M'zaka za m'ma 1990, oimba monga Lucius Banda ankajambula nyimbo ku Balaka, makaseti n'kumagulitsidwa kudzera kwa O.G. Issa ku Limbe. Kaseti iliyonse yogulidwa inkabweretsa kangachepe kwa mwini nyimbo.

2. Nthawi ya kompyuta

Makompyuta atafika m'misika, anyamata adayamba kukopera anthu nyimbo mazanamazana mu fulashi kapena memori khadi pa mtengo wochepa. Nyimbo zidafalikira kwambiri, koma malonda a makaseti ndi ma CD adagwa, chifukwa ndalamayo inkathera kwa wokopera uja.

3. Nthawi ya foni ndi intaneti

Lero woimba amajambulira m'kachipinda, n'kuika nyimbo pa YouTube, Facebook kapena WhatsApp osadikira chilolezo cha wailesi. Chitsanzo chabwino ndi agogo Giddes Chalamanda a ku Chiradzulu. Ataimbira limodzi ndi Patience Namadingo mu 2020, nyimbo yakale ya agogowa yotchedwa Linny Hoo idawanda pa TikTok, anthu a m'maiko akutali n'kumaivina ngakhale sakumva Chichewa.

4. Nanga phindu lili kuti?

Kutchuka pa intaneti si ndalama ayi. Spotify idafika m'Malawi mu 2021, koma imalipira pang'ono zedi nyimbo ikamveredwa kamodzi, ndipo ambiri kuno amapewa kumvera pa intaneti poopa kutha kwa bando. N'chifukwa chake oimba amadalira zoimbaimba, kutsatsa malonda a makampani, ndi mphatso za pa Airtel Money kapena Mpamba. Bungwe la COSOMA, potsatira lamulo la 2016 loteteza eni luso, limatoleranso ndalama pa zipangizo zosungira nyimbo n'kugawira oimba amene adalembetsa.

Mafunso

a. Kodi woimba ankapeza bwanji ndalama nthawi ya makaseti?
b. Ndani amapindula nyimbo ikakoperedwa mu memori khadi?
c. Kambiranani m'magulu: woimba wa kwanu kuno angatani kuti kutchuka kwake kumubweretsere chakudya?