Phunziro: Kuikidwa Magazi Kuchipatala

Munthu wamkulu amakhala ndi magazi okwana malita pafupifupi 5. Magaziwa amatenga mpweya wabwino m'mapapo n'kukausiya ku ubongo, kumtima ndi kuziwalo zonse. Akachepa kwambiri, munthu amafooka, amamva chizungulire, mtima umathamanga, ndipo zikhatho ndi m'kati mwa zikope mumayera.

Kuchepa pang'ono kumatha ndi mapiritsi komanso zakudya monga nyemba, chiwindi ndi bonongwe. Zakumwa zofiira za m'botolo zija siziwonjezera magazi, ngakhale ambiri timathamangira kukagulira wodwala. Koma pali nthawi imene thupi silingadikire. Mayi wataya magazi ambiri pobereka. Mwana wa ku Maramba kapena ku Dambwa wadwala malungo aakulu mpaka magazi kumuthera. Minibasi yagubuduka pamsewu wa ku Kazungula. Odwala otere akafika pachipatala chachikulu cha Livingstone, dokotala amalamula kuti aikidwe magazi. Ana obadwa ndi matenda a sickle cell, ena mwa iwo amaikidwa kangapo pamoyo wawo.

Magazi sapangidwa kufakitale. Amachokera mwa anthu opereka mwaufulu. Bungwe la Zambia National Blood Transfusion Service ndi limene limawatolera. Munthu mmodzi amapereka pafupifupi mamililita 450, osakwana theka la lita, ndipo thupi lake limabwezeretsa lokha. Thumba lililonse la magazi operekedwawa limayezedwa ngati lili ndi HIV, chindoko, kapena matenda a chiwindi a mtundu wa B ndi C. Likapezeka labwino, amalisunga m'firiji pamadigiri 2 mpaka 6.

Magazi onse ndi ofiira, koma si ofanana. Ali m'magulu anayi: A, B, AB ndi O. Amene anayamba kutulukira maguluwa ndi Karl Landsteiner wa ku Vienna mu 1901. Ngakhale mayi ndi mwana wake akhoza kusiyana gulu. N'chifukwa chake ku labu amayamba asakaniza timagazi ta wodwala ndi ta m'thumba kuti aone ngati tikugwirizana. Kenako anamwino amawerenga dzina la wodwala ndi nambala ya pathumba, n'kupachika thumbalo pachitsulo. Magazi amadontha pang'onopang'ono kulowa mumtsempha wa pamkono, ndipo thumba limodzi siliyenera kupitirira maola 4.

Zovuta zilipo ndithu. Zofala ndi kutentha thupi, kunjenjemera ndi zidzolo zoyabwa. Izi zimatha msanga. Choopsa kwambiri ndi kulandira magazi a gulu lolakwika. Thupi limalimbana nawo: msana umapweteka, mkodzo umada, impso zimatha kuwonongeka, mwinanso munthu kumwalira. Magazi akalowa mothamanga, mtima wa nkhalamba kapena wa khanda umalemedwa ndipo wodwala amabanika. Kutenga matenda sikuchitikachitika chifukwa cha kuyeza kuja, koma kachilombo kongolowa kumene m'thupi nthawi zina sikaoneka. Choncho wopereka magazi ayenera kuyankha zoona pa mafunso onse amene amufunsa.

Zizindikiro zoopsa zimakonda kuyamba m'mphindi 15 zoyambirira. Inu amene mukudwazika m'bale wanu, musachoke pabedi nthawi imeneyi, ndiponso musakhudze kachingwe ka dilipi. Mukaona akunjenjemera, akubanika kapena akudandaula msana, itanani anamwino pomwepo kuti aimitse magaziwo. Musachite manyazi, ngakhale pakati pa usiku.