Malangizo: Katundu wa Bizinesi Amatha Mtengo

Lero tikambe za ndalama imene imatuluka m'bizinesi popanda kuigwira m'manja: kutha mtengo kwa katundu monga chigayo, makina osokera kapena njinga yamoto.

Tiyerekeze kuti mwagula njinga ya kabaza pa K3,000,000. Mukuona kuti ikutumikirani zaka 4, kenako mudzaigulitsa K600,000. Chotsani K600,000 pa mtengo wogulira, patsala K2,400,000. Gawani ndi zaka 4 zija. Ndiye kuti njingayo ikutha K600,000 pachaka, kapena K50,000 mwezi uliwonse.

Apa mpamene ambiri amapusitsika. Madzulo amachotsa ndalama ya petulo ndi ya makaniko, yotsalayo n'kumati phindu. Ayi ndithu, abale anga! K50,000 ija si yanu, ndi ya njinga. Isungeni padera.

Njira ina yowerengera kutha mtengoku ndi yochotsa peresenti pa mtengo wotsala. Pa 25 peresenti, chaka choyamba muchotsa K750,000, chachiwiri K562,500. Kwa ine, imeneyi ndiyo ikuyenera njinga ndi galimoto, chifukwa zimagwa mtengo kwambiri zikadali zatsopano.

Malo musawawerengere, nthaka siitha ngati makina. Pa za msonkho, bungwe lotolera msonkho la MRA lili ndi mlingo wakewake, kafunseni.

Chenjeraninso ndi kwacha. Mu November 2023 inagwa ndi 44 peresenti, ndipo zinthu zochokera kunja zinakwera. Choncho chaka chilichonse funsani mtengo wa njinga yatsopano, muwonjezere zimene mukusunga.