Chifukwa chiyani TV imangouma mpira uli mkati?

Loweruka lina tinkaonera mpira kwa achemwali anga ku Chinamwali. Kunja kunali chimphepo. Mwadzidzidzi chithunzi chinasweka n'kukhala timabokosi, kenako chinauma, basi mdima. Mwana wawo ananditembenukira: "Amalume, paja mumaphunzitsa Physics. Chachitika n'chiyani?" Yankho lake likhoza kukuthandizani pa MSCE, ndiye tiyeni tilione.

TV Malawi itayamba mu 1999, zithunzi zinkabwera mwa analogi. Mafunde akafooka, chithunzi chinkachita mchenga, koma osewera mumawaonabe. Mayiko a chigawo chathu anagwirizana pansi pa ITU kuti pofika 17 June 2015 asamukire ku dijito, ndipo kuno tinayamba kuona madikoda monga a Kiliye Kiliye.

Mu dijito, chithunzi chimasandulika manambala, 0 ndi 1. Dikoda imangofuna kusiyanitsa awiriwa. Ngakhale mafunde afookeko, ikatha kuwawerenga, chithunzi chimatuluka choyera bwinobwino. Koma zolakwika zikachuluka moti singathenso kuzikonza, imagonja. Palibe pakati. Tsiku lija mphepo inangopotoza eriyo pang'ono.

Phiri lathu la Zomba, lomwe nsonga yake imapitirira mamita 2,000, lili ndi mbali yake. TV imagwiritsa ntchito mafunde a UHF. Tengani 600 MHz. Ndi v = fλ, gawani 300,000,000 ndi 600,000,000: mupeza theka la mita. Mafunde afupi chonchi sakhota bwino akakumana ndi phiri. N'chifukwa chake nsanja zimamangidwa pamwamba, ndipo nyumba yomwe ili kuseri kwa chitunda imavutika.

Nanga phindu la dijito ndi lotani? Kale mpata umodzi wa 8 MHz unkanyamula kanema mmodzi yekha. Lero umanyamula oposa khumi, chifukwa makina satumiza chilichonse mobwereza: udzu wa m'bwalo ukakhala sunasinthe, amangotumiza zomwe zasuntha. Njira yomweyi ndi imene imachepetsa vidiyo ya nyimbo kuti ikwane pa WhatsApp. Makanema akachuluka, oimba ndi a zisudzo akuno amapeza poonekera.

Ntchito yanu: werengerani λ ya wailesi ya FM pa 100 MHz. Kenako fotokozani chifukwa chake wailesi imamvekabe malo ena omwe TV yakana. Ife tinakwera padenga, tinawongola eriyo, koma chigoli chinali chitalowa kale.