Khutba ya Ijumaa: Katundu Akafika pa Nthawi ya Swala

Kutamandidwa konse ndi kwa Allah, Mwini riziki. Mtendere ndi madalitso zikhale pa Mtumiki wake Muhammad, akubanja kwake ndi maswahaba ake.

Inu akapolo a Allah, tiyeni timuope Allah, ndipo tidzifunse kuti chimene chili patsogolo mumtima mwathu n'chiyani.

Tsiku lina la Ijumaa ku Madina, Mtumiki ali chiimire kupereka khutba, mumzindamo munalowa mdipiti wa ngamira zosenza chakudya. Anthu anatuluka mumzikiti kuthamangira malondawo, ndipo anatsala anthu 12 okha, monga momwe anasimbira Jabir ibn Abdillah. Apo Allah anavumbulutsa ndime 11 ya Surat Al-Jumu'ah, kuwakumbutsa kuti zimene Iye wasungira akapolo ake zimaposa phindu la malonda.

Ngamira zathu lero ndi malole oima pachipata cha Zóbuè podikira kulowa ku Mwanza. Adhana imamveka ogula atatizinga, ndalama za metical ndi kwacha zili m'manja. Pamenepo mpamene chikondi chathu chimayesedwa, pakuti pakamwa tonse timati timamukonda Allah.

M'ndime 24 ya Surat At-Tawba, Allah watchula makolo, ana, abale, amene tinamanga nawo banja, mtundu wathu, chuma, malonda amene timaopa kuti angalowe pansi, ndi nyumba zotisangalatsa. Zonsezi ndi halaal. Chimene watichenjeza ndicho kuzikonda kuposa Iye, Mtumiki wake ndi kulimbikira pa njira yake.

Dunya siikhalitsa m'manja mwa munthu. Ife a ku Moatize tinaona Vale ikuyamba kutulutsa malasha mu 2011, ndipo mu 2022 mgodi womwewo unagulitsidwa kwa Vulcan. Ngati mgodi umasintha mwini, nanga golosale yathu?

Choncho adhana ya Ijumaa ikamveka, titseke malonda. Tisabere pa sikelo ngakhale ana akudikira ufa kunyumba. Chuma chikakwana nisaab n'kutha chaka, titulutse zakaat. Swala ikatha, ndime 10 ya Surat Al-Jumu'ah yatilola kubalalika kukafuna riziki, uku tikumukumbukira Allah kwambiri.

E Allah, ikani chuma m'manja mwathu, musachiike m'mitima mwathu. Tipatseni chikondi chanu ndi cha ntchito zotiyandikitsa kwa Inu. Ameen.