Dziwani za AlarmManager ndi NotificationCompat: zida zokumbutsira pa foni ya Android

Kapepala aka n'ka inu amene mukuphunzira kupanga maapu okumbutsa anthu zinthu, monga nthawi yomwera mankhwala, tsiku la sikelo ya mwana kapena la katemera wa chitopa.

Zida zake n'ziwiri

Simufunika kulemba chilichonse kuchokera pachiyambi. Pali malaibulale, amene ndi mafayilo a malamulo a kompyuta olembedwa kale, ndipo inu mumangowaitana.

AlarmManager imabwera ndi Android yomwe, kuyambira pamene Android inatuluka mu 2008. Imasunga nthawi n'kudzutsa apu yanu nthawiyo ikakwana, ngakhale apuyo isali yotsegula. Payokha siliza kanthu ndipo sionetsa uthenga.

NotificationCompat ili mu laibulale ya AndroidX Core, imene mumailemba mu fayilo ya Gradle. Imakonza uthenga kuti utuluke bwino pa mafoni akale ndi atsopano omwe.

Zimagwira ntchito ngati pasukulu: mphunzitsi amayang'ana wotchi, koma womenya chitsulo ndi mwana wina. Mmodzi akajomba, ana satuluka.

Kagwiritsidwe ntchito

1. Pangani channel ya mauthenga. Kuyambira pa Android 8.0 ya mu 2017, apu yopangidwira mafoni atsopano ikatumiza uthenga wopanda channel, uthengawo suoneka.
2. Pemphani chilolezo cha POST_NOTIFICATIONS. Kuyambira pa Android 13 ya mu 2022, mwini foni ayenera kuvomera kaye.
3. Tcherani alamu ndi AlarmManager, ndipo muipatse PendingIntent yoloza ku BroadcastReceiver yanu.
4. Mu BroadcastReceiver imeneyo, konzani uthenga ndi NotificationCompat n'kuutumiza.

Sankhani alamu yoyenera

Apa ndi pamene ambiri amaphonya. Nthawi iliyonse foni ikadzuka, batire imadyeka. N'chifukwa chake kuyambira pa Android 4.4 ya mu 2013, maalamu wamba amasonkhanitsidwa kuti alire pamodzi, motero amatha kuchedwerako. Android 6.0 ya mu 2015 inabweretsa Doze: foni ikakhala nthawi yaitali osakhudzidwa, sikirini ili yozima komanso isali pa chaja, imagona, ndipo maalamu wamba amadikira.

Ndiye dzifunseni kuti, kodi uthengawu ukachedwa ndi mphindi khumi, pawonongeka kanthu? Wokumbutsa za katemera wa nkhuku, ngakhale utafika mochedwerako, palibe vuto. Pa umenewo gwiritsani ntchito alamu wamba, kapena WorkManager, imene imabwereza ntchito koma osati pafupipafupi kuposa mphindi 15 zilizonse.

Koma munthu womwa mankhwala pa ola lomwelo tsiku ndi tsiku amafuna alamu yosachedwa. Pamenepo gwiritsani ntchito setAlarmClock kapena setExactAndAllowWhileIdle. Kuyambira pa Android 12, zimenezi zimafuna chilolezo cha SCHEDULE_EXACT_ALARM, ndipo pa Android 14 maapu ambiri ongoikidwa kumene sachilandira okha. Apu iziyamba yafufuza ndi canScheduleExactAlarms, ndipo ngati chilolezo palibe, imufotokozere mwini foni momwe angachiperekere.

Chenjerani ndi izi

Foni ikazima, maalamu onse amafufutika. Kumene magetsi amathimathima ndipo anthu amakatchajitsa foni pa tiredi, kuzima kwa foni si kwachilendo. Sungani nthawi zonse zokumbutsa m'nkhokwe ya apu, pemphani RECEIVE_BOOT_COMPLETED, ndipo foni ikayaka mutcherenso maalamuwo.

Mafoni ena ali ndi pulogalamu yosunga batire imene imatseka maapu mwankhanza. Auzeni ogwiritsa ntchito kuti achotse apu yanu pa mndandanda wa zotsekedwazo.

Musalembe dzina la matenda kapena la mankhwala pa uthenga wooneka foni ili yokhoma, chifukwa foni imodzi amagwira ndi anthu ambiri pakhomo. "Nthawi yakwana" n'kokwanira.

Musanaipereke kwa anthu

Yesani apu pa foni yeniyeni yotsika mtengo, osati pa kompyuta pokha. Tcherani alamu ya m'mawa, muzimitse foni n'kuiyatsanso, kenako muisiye usiku wonse isali pa chaja. Ikalira pa nthawi yake, apuyo mutha kuigawa.